Bowo la Kuseri kwa Vidiyo

Pa Chamama, kuseri kwa vidiyo ya a Kanyumbu,
panali bowo pa chipupa cha matabwa,
laling'ono ngati ndalama ya tambala.
Makwacha asanu a pakhomo ndinalibe.
Ndinali mwana wa matenanti, wobwera pa lole kuchokera ku Phalombe,
manja akuda ndi utomoni wa fodya,
lilime lopindika, ankatero ana a kusukulu,
ndiye ndinkalisunga m'kamwa.

Bowolo linali langa ndekha mpaka tsiku lomwe ndinakupezapo.
Chipewa cha mlaza chofika m'mapewa,
malaya a manja aatali a bambo ako,
khungu loyera, milomo yosweka ndi dzuwa la mu Okutobala.
Unati, "Sindiona bwino patali. Uzindiuza zomwe zikuchitika."
Sunafunse dzina langa. Lako ndinkalidziwa kale,
osati Dalesi ayi,
koma lija ankakugenda nalo pa mjigo.

Jenereta inatsokomola, n'kudzuka.
M'katimo munali mwana wa mano aatali,
wogona usana m'bokosi,
wotuluka dzuwa likalowa kukasaka khosi la munthu.
Olipira ankakuwa, "Namapopa! Mubayeni!"
Ine ndinkanong'ona m'khutu mwako:
tsopano wakwera mumtengo, tsopano wapukuta pakamwa,
tsopano waima pazenera, akuonerera ana ena akudya.
Unati, "Nanga iyeyo amadya ndi ndani?"
Chizungu chake sindinkachimva,
ndiye ndinapeka. Ndinati ali ndi mnzake,
mnyamata wa pa esiteti, amamubweretsera mango.
Unaseka mpaka chipewa kugwa.
"Mango? Bodza lako likuoneka nthiti."
Koma mawa lake unabweranso.

Tinkasinthana, diso langa, diso lako,
iwe kuona zithunzithunzi zofiira ndi zakuda,
ine kuziveka nkhope ndi mayina.
Wotipopa anali udzudzu basi.
Unati magazi athu akumana m'mimba mwake,
ndiye kuti ndife pachibale, ufune usafune.

Chaka chija mphekesera zitafika
anthu anayamba kugona panja ndi zikwanje,
malikhweru ndi zitini usiku wonse,
mlendo aliyense wa chikwama ankafunsidwa kwawo.
Amayi ako anakhoma zenera ndi lata,
poti ena ankati ndiwe mzukwa
ndipo ena ankati mafupa ako ndi chuma.
Ndinkagogoda katatu pa latalo
n'kukufotokozera filimu ya tsikulo kudzera m'ming'alu,
ngakhale a Kanyumbu anali atagulitsa kale jenereta.
Unkadziwa, ndikuganiza. Mudzi wonse unali zii.
Komabe unkafunsa, "Kenako?"

Fodya atapita ku okushoni, bwana anatsegula kabuku:
chimanga, mchere, sopo, mankhwala a malungo,
ngakhale lole ija inatibweretsa.
Bambo anatsala ndi ngongole ndi chifuwa.
Apo ndinadziwa kuti ena amapopa masana,
cholembera chili kukhutu, mano awo ndi wamba.
Tinanyamuka tambala asanalire.
Sindinagogode.

Lero ndili ndi foni yodzaza mafilimu,
ndimaonera ndi maso onse awiri, chizungu chake ndimachimva.
Ija ndinaipeza.
Mwana uja alibe mnzake ngakhale mmodzi,
amathera padzuwa, phulusa lokhalokha,
anthu n'kuomba m'manja.
Ndinaizimitsa mayina asanayambe kukwera.

Dalesi, ngati dzuwa la ku Kasungu linakusiya ndi moyo,
ngati a zikwanje sanalipeze lata lija,
bweretsa khutu, ndikuuze zomwe zikuchitika:
tsopano mwana uja watsika mumtengo,
tsopano wakhala pansi kuseri kwa matabwa,
tsopano wina akumusendera bango ndi mano,
madzi ake akuyenderera m'chigongono,
akuti, sendera kuno,
ino ndi nthawi yako ya bowo.